Nambala Yachilendo

Bomba la Lachiwiri lija linaphulika tikumwa tiyi wam'mawa. Zenera linanjenjemera koma silinasweke, ndipo ine, mwini digiri ya masamu yosapeza ntchito, ndinayamba kulosera.

"Si pafupi. Ndipo si kumsika wa Bakara, likanamveka chakumbuyo kwa nyumba."

"Siya ulosi wakowo, Guled, muimbire Ladan," anatero amayi.

Ladan ndi mchemwali wanga, anali atapita kusukulu ya unamwino atavala mpango wake wobiriwira. Foni yake sinkalowa. Ku Mogadishu kuno bomba likalira aliyense amaimbira aliyense nthawi imodzi, netiweki n'kukomoka, choncho foni yosalowa si umboni wa kanthu. Ndinawafotokozera amayi zimenezi. Anandiyang'ana ngati ndawatukwana.

Ndinakwera padenga, ndinatsika, ndinakweranso. Mabomba a mumzindawu ndimawaloweza ngati mmene anzanga amalowezera zigoli: la pamphambano, la pahotela, lija linatenga aphunzitsi anga. Lililonse ndi kamvekedwe kake. Ili linali la m'galimoto, ndipo utsi unkafuka mbali ya msewu umene Ladan amadutsa. Izi ndinangozimeza.

Kenako foni ya amayi inalira pamkeka. Nambala yachilendo.

"Musaikhudze!" anakuwa amalume a Jimale, omwe amakhala nafe.

Panyumba pathu nambala yachilendo sitiyankha. Bambo anayankha yotere kalelo, anthu akutchire ophulitsa mabombawa akuwalamula kuti aleke kugulitsa mpunga kwa asilikali. Anakana. Anawaombera pakhomo la mzikiti. Lamulo linayambira pamenepo.

Foni ija inasiya. Inayambanso. Amayi ankazungulira mkekawo ngati pali njoka.

"Ndi akutchire omwewo, achemwali," anatero amalume. "Akaphulitsa amaimbira anthu kuti tisawaiwale."

"Nanga kwa ife akufunanso chiyani? Mpunga unatha ndi mwini wake," anatero amayi.

"Mudzawafunse kumanda."

Inalirabe. Ndinkaimbira anzake a Ladan pa foni yanga, osapeza ndi mmodzi yemwe, kwinaku ija ikundisokosera. Tiyi anazizira. Kunja maambulansi ankapita, kubwera, kupitanso. Ndipo china chake sichinkagwirizana.

"Amalume, bambo ankawaimbira motani?"

"Kamodzi basi. Kenako ankangokhala chete, munthu uwonde wekha."

"Ndiye uyu bwanji akulimbikira chonchi? Woopseza sachonderera."

"Taonani, ayamba pulofesa wa pamkeka."

Ndinaitola. Amayi anandigwira dzanja, koma osati mondiletsa.

"Kodi munafa nonse kunyumbako?" Anali mawu a bambo wachikulire, akupuma mwabefu. "Chala changa chatupa ndi kuimba! Ndine Dirie, woyendetsa bajaji, kagalimoto ka matayala atatu konyamula anthu. Ndatola mtsikana wa mpango wobiriwira pamsewu, ananditchulira nambala iyi asanakomoke."

"Ali moyo?"

"Achipatala amafuna abale apereke magazi msanga. Abale ake kuli zii."

"Bambo, ndikufunsa, ali moyo?"

"Wadzuka, akufunsa kumene kuli nsapato zake. Achipatala anandiyeza, akuti magazi anga ndi ake akufanana, ndiye andikama ineyo. Tsopano mutu ukuzungulira, bajaji ndaisiya pageti pa chipatala yosakhoma. Kodi alipo wodziwa kuyendetsa kwanuko?"

Amayi anali atafika kale pakhomo, opanda nsapato. Amalume anandilanda foni, n'kuigwira ndi manja awiri.

"M'bale wanga, khalani pansi, musaimirire. Tikubweretserani tiyi wa shuga wambiri. Bajajiyo ndiyendetsa ndine."

Amalume sanayendetsepo ngakhale njinga.