Wothamanga Wopanda Nambala

Pa fomu yolowera upolisi panali funso limodzi lomwe linamuzunguza mutu Mlonda: kodi muli ndi mlandu womwe sunathe kukhoti? Dzina la Mlonda linamukanirira chifukwa analondera sitolo ya zitsulo zaka zinayi, mpaka tsiku lomwe anamenya ndi chibonga m'mutu munthu yemwe anamupeza akukwera mpanda. Munthuyo anali chigonere m'chipatala mwezi wachitatu, osayankhula, osatsegula maso, ndipo mlandu unkangosinthidwa tsiku. Lamulo la kusukulu ya apolisi linali losachita kufunsa: wa mlandu ayambe wathana nawo, kenako abwere. Koma Mlonda zaka zinali zitamuthera. Chaka chotsatira akanapitirira msinkhu wolembedwa.

Mlamu wake, katswiri wa malamulo yemwe khoti ankangoliona podutsa, anamuuza kuti mlandu wosaweruzidwa si mlandu, ndi mphekesera chabe. Mlonda anachonga "Ayi" mwamphamvu mpaka cholembera chinaboola pepala.

Tsiku la mayeso anali anthu makumi anayi. Anawamata manambala pachifuwa n'kuwauza kuti azungulire bwalo kakhumi, dzuwa lili paliwombo. Atazungulira kawiri, Mlonda anamva wina akumupumira m'khosi. Sikunali kupuma kwa munthu wothamanga ayi. Kunali kodekha, kokoka, kwa munthu amene ali m'tulo. Mapazi opanda nsapato ankamveka phwa, phwa, pambuyo penipeni pa ake, ndipo fungo la mankhwala otsukira mabala linamulowa m'mphuno. Atacheuka anangoona fumbi, anzake ali kutali. Mantha anamugwira. Anathamanga liwiro lomwe sanathamangepo chibadwire, ndipo anafika woyamba.

Sajeni wowerengera, mayi wa nkhope yosadziwa kuseka, anawawerenga kawiri akuloza ndi cholembera. Anadandaulira wapolisi mnzake kuti pothamanga ankapeza anthu makumi anayi ndi mmodzi, koma pamzere akupeza makumi anayi. Mnzakeyo anati dzuwa lawalowa m'mutu, akamwe madzi. Mayiyo anangoyenda n'kukaima pamaso pa Mlonda, fomu yobooka ija ili m'manja, n'kumufunsa ngati pali chomwe akufuna kukonza asanadinde.

Khomo lotulukira linali limenelo, lotsegula bwinobwino. Koma munthu akaona yunifolomu ili pafupi, chikumbumtima amachilandira ngati mlendo wosafunika: kuchipatsa mpando n'kuchisiya chokha pabalaza.

"Palibe, bwana."

Chidindo chinagwa.

Mayina a opambana atatuluka, amayi ake a Mlonda analira ndi chimwemwe, mlamu n'kumadziguguda pachifuwa ngati anathamanga ndi iyeyo. Za kuchipatala palibe anafunsa, ndipo Mlonda anaonetsetsa kuti asadutse msewu wa kumeneko. Kupuma kuja ankakumvabe, podikira basi, posamba, ngakhale pometetsa tsitsi, koma ankadziuza kuti ndi magazi akuthamanga m'makutu.

M'mawa wa tsiku loyamba la maphunziro anawafoletsa kunyumba yosungiramo katundu. Chinali chipinda chachitali chopanda mawindo, mashelefu ofika kudenga, fungo la polishi ndi nsalu zokhalitsa lili tho. Wosunga katundu anali bambo wofatsa wa tepi yoyezera m'khosi, yomwe sankaigwira n'komwe, popeza munthu ankamuyeza ndi maso okha. Mlonda atafika pakauntala, bamboyo anamupatsa nsapato, lamba, malaya awiri ndi bulangete. Kenako anakwera pampando, n'kutsitsa bulangete lachiwiri, n'kuliika pambali pa loyambalo.

Mlonda ananena mwaulemu kuti anzake onse alandira bulangete limodzi, nayenso limodzi limukwanira. Bamboyo sanamuyang'ane. Maso ake anali pamwamba pang'ono pa phewa la Mlonda, ndipo anali ndi chisoni.

"Ili si lanu," anatero. "Koma anzanuwa alowa chonchi, ndi bandeji m'mutu? Tawafunsani, nsapato amavala saizi yanji."