M'mawa wa Vailet

Ine ndayenda. Ku Joni ndafika, ku Dar es Salaam ndagonako, ku Nakonde amandiitana ndi dzina, ndipo lole imene mumaiona pa Chisemphere ija ndinagula ndi thukuta langa. Koma chimene wina sangandilande n'chakuti m'Kasungu monse muno ndine ndekha, Stewart, amene ndinachitira umboni ukwati umene ngakhale mkwatibwi sanauone. Ndimanena mokweza chifukwa ndikatsitsa mawu nkhaniyi sindingaimalize.

Kwathu kuno masiku amapachikidwa m'chigafa ngati fodya. Chigafacho chili kuseri kwa dambo, ndipo banja lililonse lili ndi mzere wake. Mbali imodzi kuli masiku amene anapita, ouma, ofiirira. Mbali inayo kuli amene akubwera, aawisi. Kunja kukauma, fodya n'kumanyenyeka m'manja posankha, munthu amakatsitsa m'mawa umodzi wakale, n'kuupachika m'shedi mwake kuti mame ake afewetse masamba, akamaliza n'kuubweza. Wauwisi sakhudza.

Ine ndinali ndi nzeru yanga, ndipo ndinkaiphunzitsa pa bawo kwaulere. Ndinkati nthawi ili ngati fodya wam'munda: ukathyola nsonga, mphukira zimatuluka. M'mawa sungachitike kawiri, komanso dzuwa silingadumphe m'mawa. Choncho ukatsitsa wauwisi n'kuugwiritsa ntchito lero, nthawi ilibe kuchitira mwina, iphukira wina pamalo pomwepo. Anzanga ankangogwedeza mitu, ine n'kumayesa akuvomera.

Chaka chino mphepo inauma msanga, tsiku langa la ku okushoni litayandikira. M'mawa wakale uliwonse pamzere wathu unali utafinyidwa kale. Ndinadutsa mbali ya aawisi, n'kusankha umodzi wolemera, wodontha mame, osayang'ana kuti ndi wa yani. Nditaupachika m'shedi, fodya anafewa ngati nsalu. Ndikusankha choncho ndinayamba kumva kwaya chapansipansi, kenako mawu a abusa, kenako mtsikana akuti, "Ndikulonjeza." Mawuwo ndinawadziwa. Anali a Vailet, mwana wa mlongo wanga Dorica, amene ukwati wake ndi Lusekelo wa kwa Kaluluma unali Loweruka la sabata yomweyo, nkhoswe yake ndili ine. Ndinaima pang'ono. Kenako ndinadziuza kuti uphukira wina, n'kupitiriza kumanga fodya mpaka nthungululu zinazilala.

Loweruka tambala sanalire. Tinatsegula maso dzuwa lili paliwombo. Moto unali usanakolezedwe, diresi lili pachingwe, Vailet ali m'chitenje chogonera, koma mphete ili pachala. Lusekelo nayenso anapezeka ndi yake.

Tinakhamukira ku tchalitchi. Abusa anati kukhosi kwawo kwauma ngati munthu amene walalikira kale, ndipo sangadalitse kawiri anthu ovala kale mphete. Koma anatinso sangavomereze ukwati umene palibe anauona. Ndiye kuti Vailet anali wokwatiwa, komanso wosakwatiwa. Azakhali a Lusekelo anamanga mpango n'kunena m'Chitumbuka kuti iwo akuwerera kukaya, ndiye kuti kwawo, ndipo mnyamata wawo apita naye. Dalaivala wawo analiza kale galimoto.

Dorica sanalire. Anangoyang'ana anthu mmodzimmodzi, ndipo atafika pa ine anaima.

"Achimwene, fodya wa aliyense akunyenyeka. Wanu wafewa bwanji?"

Ndakanganapo ndi apolisi a m'malire a mayiko atatu osaphethira, koma ndi Dorica sindinakangane. Ndinaimirira pamaso pa mpingo, alendo ndi anzanga a pa bawo aja, n'kunena zonse: mmene ndinatsitsira, nyimbo imene kwaya inaimba, mmene Lusekelo anachitira chibwibwi pa dzina la mkazi wake. Pamenepo Lusekelo anaweramitsa mutu, pakuti chibwibwicho amachidziwa. Abusa anati mboni yapezeka, ukwati ulipo. Galimoto inazimitsidwa. Mmodzi wa a pa bawo anafunsa kumbuyo ngati mphukira zija zili m'njira, anthu n'kuseka, ine ndikuyang'ana nsapato zanga za ku Joni.

Vailet yekha sanaseke.

"Ndiye amalume munamva inu," anatero. "Ine ndimve kwa inu mmene ndinalowera m'tchalitchi?"

Ndinati ndimugulira chilichonse, ngakhale makina osokera. Anayankha kuti sakufuna makina, akufuna kuyenda ndi diresi lake anthu akuona, mame asanaume.

Tinapita ku chigafa awiri. Pamzere wathu, masiku a munthu aliyense ali pamkangala wake, ndodo yopachikapo ija, ndipo ndinamusonyeza wanga, mbali ya aawisi. Sindinamuuze woti atenge. Anayenda pang'onopang'ono, akupima ndi maso, n'kuloza m'mawa umodzi waukulu kuposa onse. Ndinautsitsa ndekha.

Tinaupachika pakhomo la tchalitchi, dzuwa n'kubwerera pansi, udzu n'kunyowa. Abusa sanabwereze malonjezo, koma Vailet analowa ndi diresi lake, Dorica akuvina patsogolo. Ine ndinakhala pa benchi yomaliza. Kuseri kwa kwaya ndinkamva chapansipansi zimene zinali zanga: gulu lalikulu likuwomba m'manja, malipenga, ndi munthu pa chimkuzamawu akutchula dzina langa lonse. Sindidziwa kuti kunali kuti, kapena ndinali nditachita chiyani. Tsikulo likadzafika ndidzadzuka masana, mipando akuilongedza.

Potuluka Vailet anaima pa benchi yanga n'kundigwira dzanja.

"Mwabweza, amalume."

Ndinabweza m'mawa umodzi wathunthu, kuyambira kulira kwa tambala mpaka dzuwa paliwombo.