Mendulo Yotsala ya Wamamita

"Musazule chingwecho!"

Bambo wonyamula katundu anachotsa dzanja pasoketi ngati wagwira khala la moto. Anayang'ana Mzime, amene anakuwayo, koma Mzime sanacheuke n'komwe. Maso ake anali pa kompyuta ya malemu bambo ake. Bamboyo anayang'ana Amayi. Amayi anayang'ana kudenga, poti n'kokhako kumene kunalibe chowapsetsa mtima tsiku limenelo.

Nyumba yonse inali m'makatoni. Mabedi anali atatsika kale masitepe, makatani atapindidwa, pakhoma patangotsala zigamba zoyera pamene panali zithunzi. Lole inali panja, ndipo dalaivala anali atachenjeza kale kuti masana ali ndi ulendo wina. Maliro anaika sabata yathayo, ndipo Chisamba, mwana wawo woyamba, anagamula kuti mayi ake sangatsale okha m'nyumba yosanja ya masitepe oterowo, akakhala kwa iye. Zonse zinali zitayenda bwino, kupatula tebulo limodzi, mpando umodzi, ndi Mzime, mwamuna wandevu zake, bambo wa ana awiri, amene anamera mizu pampandopo.

Chisamba analowa akupukuta thukuta, akugwedeza makiyi a nyumba m'manja. Iye ndi namwino, ndipo amalankhula ndi aliyense ngati wodwala amene wabisa mankhwala pansi pa pilo.

"Iwe, dzuka. Mwini nyumba akufuna makiyi, ine ndikulowa ntchito madzulo ano."

"Yatsala imodzi, achemwali."

"Chatsala n'chiyani?"

"Mendulo. Adadi anapeza zonse za m'dziko la masewerali, yatsala imodzi yokha. Ndiye eni masewerawa akulitseka dzikoli lero masana, akuika lina. Likatsekedwa basi, yapita."

"Mendulo yake ndi yovala m'khosi? Tikaipachika pakhoma?"

"Ayi, ndi kachithunzi kamene kamabwera pafupi ndi dzina."

"Kachithunzi!" Chisamba anatembenukira kwa mayi ake. "Amayi, mwamva? Lole ikudikira kachithunzi."

Amayi anamva, ndipo zinali zitawafika kale pakhosi. Masewera amenewa anadana nawo kuyambira tsiku limene analowa m'nyumba. Amuna awo ankagwira ntchito yowerenga mamita a madzi, ndipo moyo wawo wonse anauthera kuseri kwa nyumba za anthu, kusuzumira m'maenje, kutukula zivundikiro, kukambirana ndi agalu. Mawondo atakana, Mzime yemweyu ndi amene anawaikira masewerawo kuti asamasungulumwe. Anthu a kutali amakumana pa intaneti, aliyense n'kupatsidwa mfuti, n'kumawomberana m'mabwinja a mzinda wongopeka. Koma bambo aja mfuti ankainyamula ngati ambulera. Anzawo akuwomberana kutsogolo, iwo ali kuseri kwa fakitale, kukwera makwerero, kutsegula timazenera, poti masewerawo amapereka mendulo kwa aliyense wofika pamalo obisika. Dzina anadzipatsa lakuti Wamamita. Chakudya chinkazizira patebulo, tiyi ankachita kutenthetsanso, iwo ali pheee ndi mahedifoni, kuseka ndi anthu osawadziwa nkhope. Munthu woti m'nyumba ankalankhula mochita kukakamizidwa!

"Ndiye tenga mendulo yakoyo msanga tizipita," anatero Amayi.

"Vuto n'lakuti pakufunika anthu awiri. Pali chitseko chachitsulo pansi pa fakitale. Wina amagwira chogwirira kuti chitseko chikwere, winayo n'kukwawira mkati. Wogwirayo akangosiya, chitseko chimagwa. Achemwali, tangokhalani apa pang'ono ndi laputopu yangayi."

"Ine? Mutu wako ukuyenda bwino? Bambo tawaika dzana dzanali, iwe ukufuna ndizikathamanga ndi mfuti?"

Anatuluka, nsapato zikulira pamasitepe. Hutala ya lole inalira panja.

Amayi anamuyang'ana Mzime. Pa maliro mwana wawoyo sanalire. Ananyamula mipando, analandira alendo, anathamangira uku ndi uku, maso ali gwa. Lero ndi pamene anali ndi nkhope ya mwana wotayika pamsika. Amayi anadziwa kuti akapanda kumuthandiza adzachoka pampandopo atanyamulidwa nawo limodzi. Anakoka katoni ya mapoto, n'kukhalapo.

"Bweretsa kuno chinthucho. Koma ukandichedwetsa ndikusiya momwemo ndi mfuti zakozo."

Mzime anawaika laputopu pamiyendo n'kuwasonyeza mabatani: ili kupita kutsogolo, ili kumanzere, ili kumanja, ili kugwira. Kamunthu kawo kanali ndi chisoti chachikulu kuposa mutu. Anadina, kamunthuko kanapita kukagunda khoma. Anadinanso, kanapitiriza kuyenda pakhoma pomwepo ngati mbuzi yomangidwa.

"Kumanja, Amayi. Kumanja kwanu, osati kwanga."

"Usandikuwire. Ndinakuphunzitsa kuyenda ndine."

Atangochoka pakhomapo, kunamveka phokoso, sikirini inafiira, kamunthu kaja kali gada.

"Chachitika n'chiyani?"

"Akuwomberani."

"Ndani? Ndamulakwira chiyani?"

"Ndi mmene masewerawa alili. Musadandaule, mudzuka pompano. Kuno munthu akafa amadzukanso."

Ndipo kanadzukadi, chisoti chili bwinobwino, pamalo pamene kanayambira. Amayi anakayang'ana kwa kanthawi.

"Zamkutu," anatero. "Tiye."

Anayenda motsatana, Mzime akuyendetsa kamunthu ka bambo ake kutsogolo, ka jekete lachikasu lotuwa, Amayi akugundagunda migolo pambuyo. Anatsika masitepe a fakitale, anadutsa mapaipi odontha. Mahedifoni anali atalongedzedwa kale, choncho mawu a osewera ena ankatulukira pa sipika, m'chipinda chopanda kanthu chija n'kumamveka ngati ali momwemo.

Pachitsekopo panali anthu. Timaanthu tambirimbiri tinali titaunjikana m'kanjira kopapatiza, aliyense akufuna mendulo dziko lisanatsekedwe, koma wogwira chogwirira panalibe. Aliyense ankadikira mnzake. Jekete lachikasu litangotulukira pakona, sipika inaphulika.

"Wamamita! Anthuni, Wamamita afika!"

"Achikulire, munasowera kuti? Takhala tikukufunani!"

"Pangani mzere, pangani mzere, musawapanikize!"

Timaanthu tija tinayamba kundanda, tokha, popanda wotilondolera, n'kusiya njira yopita ku chogwirira. Mzime anatsegula pakamwa, mawu osatuluka. Amayi anaona kuti zikatere afika madzulo.

"Ndilankhulire pati?" Mzime analoza kabowo pamwamba pa sikirini. Amayi anaweramira pomwepo n'kukweza mawu ngati akulankhula ndi munthu wa tsidya la msewu. "Tamverani inu. Amene mukuwatchulawo ndi amuna anga. Anamwalira, tinaika sabata yatha. Akuyendetsa apayu ndi mwana wawo. Tabwera kudzatenga mendulo yawo yotsala, ndipo lole ikutidikira panja."

Patali m'masewera muja mfuti zinkalirabe. Kwa wina wake kunkamveka khanda likulira.

"Pepani, amayi," anatero mawu a mtsikana. "Pepani kwambiri. Koma mwati yotsala? Mendulo ya chitseko chino?"

"Yomweyo."

"Sizingatheke. Iwo aja ankakhala pano tsiku lililonse. Ine anandilowetsa ndi iwowo."

"Inenso," anatero bambo wa khanda lolira uja. "Wogwira chogwirira sangawombere, ndiye amangophedwa. N'chifukwa chake aliyense amakana. Iwo ankaphedwa, kudzuka, kuyenda ulendo wonse uja, kudzagwiranso. Tinkangoti analowa kalekale."

"Ndinawafunsapo tsiku lina," anatero mtsikana uja. "Ndinati achikulire, bwerani ndikugwirireni. Anati, lowani inu mwana wanga, ine ndilowa mawa."

Amayi anaika laputopu pansi. Anaimirira. Mkwiyo umene anaunyamula sabata yonse osadziwa poutula unapeza pokhala.

"Ngakhale kunonso? Ngakhale m'zidole?" Anatembenukira kwa Mzime ngati mlandu ndi wake. "Ukudziwa kuti tsiku lobadwa mchemwali wako, ine matenda atandigwira, bambo akowa anaima pakhomo la chipatala kugwirira anthu chitseko? Ine ndikubuula pabenchi, iwo ali, pitani mayi, pitani bambo, pitani agogo. Mabasi angati anatisiya chifukwa choti iwo akukweza anthu ena? Kubanki tinkafika oyamba n'kutuluka omaliza. Moyo wanga wonse ndakhala ndikuima kuseri kwa munthu ameneyu, chikwama m'manja, kudikira kuti dziko lonse lidutse. Ndiye ndimati pano apuma, akusewera, akuchita zokomera iwo eni. Kani anapeza chitseko china!"

Anapukuta m'maso ndi nsonga ya mpango, mwaukali, ngati akupukuta tebulo. Anawasowa bambo aja, ndipo zinawapsetsa mtima kuti akuwasowa pa chinthu chomwecho chimene chinkawatopetsa.

Chisamba anali ataima pakhomo. Sizikudziwika kuti anafika nthawi yanji, koma makiyi sankawagwedezanso.

"Amayi," anatero mtsikana wa pa sipika uja, "lero tigwira ife. Ine ndagwira kale. Anyamata, tchingani kumasitepeko, asatiwombere. Alowe Wamamita."

Chitseko chachitsulo chinayamba kukwera, chikulira ngati geti la galaja. Pansi pake panaoneka kanjira kakang'ono, kokwawa munthu mmodzi. Pakona ya sikirini panatuluka mawu ofiira ochenjeza kuti dzikolo latsala pang'ono kutsekedwa. Mzere uja unapatuka.

Mzime anadzuka pampando, koyamba chiyambire m'mawa.

"Muwalowetse ndinu, Amayi."

"Iwenso ndiye wandikwana," anatero Amayi, koma anakhala. Mpandowo unali ndi dzenje la thupi la mwini wake, ndipo anamira nalo mpaka mapazi analeka kugunda pansi. Mabatani ena anali atafufutika zilembo. Anadina lopita kutsogolo, ndipo jekete lachikasu linayenda bwinobwino osagunda kanthu. Timaanthu ta m'mbali tinatsitsa mfuti.

Atafika pakamwa pa kanjira kaja, anaona chinthu chikugwedezeka kumapeto kwa sikirini. Kamunthu kena kankatsika masitepe, kopanda chisoti, kopanda jekete, kovala zimene amapatsa oyamba kumene. Kanagunda mgolo, kanabwerera, kanagundanso mgolo womwewo. Kenako kanathamanga n'kudzaima kumapeto kwenikweni kwa mzere, kakudumphadumpha kuti kaone kutsogolo.

"Ameneyo ndani?"

"Wachilendo, Amayi, sitikumudziwa. Lowani, nthawi yatha."

"Alowa onsewa dzikoli lisanatsekedwe?"

Mzime anayang'ana mzerewo, n'kuyang'ana mawu ofiira aja. "Onse ayi. Kanjirako n'kochedwa."

Hutala inaliranso panja, nthawi ino osalekeza. Bambo wonyamula katundu anasuzumira pakhomo n'kubwerera. Amayi anapuma mpweya wautali wa munthu amene wagonja pa mkangano wa zaka zambiri.

"Batani lopita kumbali ndi liti?"

"Amayi..."

"Ndakufunsa batani."

Mzime analoza. Jekete lachikasu linasendera kumbali n'kutsamira khoma.

"Inu a kumapetoko, opanda chisoti, bwerani kuno," anatero Amayi m'kabowo kaja. "Fulumirani, musandiwonongere nthawi. Enanu tsatirani, mmodzimmodzi, osakankhana."

Kopanda chisoti kaja kanadutsa, kanagwada, kanalowa. Wina anatsatira, winanso pambuyo pake. Aliyense podutsa ankaima pang'ono pamaso pa jekete lachikasu, kenako n'kukwawa. Mawu ofiira aja anayamba kuphethira.

Chisamba anafika kumbuyo kwa mpando n'kuika dzanja paphewa la mayi ake. Mawu ake a unamwino aja anali atasowa.

"Amayi, lowani tsopano. Chonde. Atseka."

Amayi sanachotse maso kumasitepe a fakitale. Chala chawo chinali pambali pa batani, osalikhudza.

"Tadikira," anatero. "Kukubwera wina."