Tirigu wa Kumbuyo kwa Dzenje

Chaka chimenecho miyendo inandifikitsa ku Lincolnshire, pa famu ya a Maurice Tointon. Ndinkagona m'kalavani yakale kuseri kwa nyumba, n'kumagwira tintchito tapakhomo. Ndinkati sindikhalitsa, koma kunabwera anthu a filimu, ulendo n'kuima.

Filimu yawo inali ya nthawi ya nkhondo, mu 1941. Akuti asilikali akufuna kusalaza munda kuti pakhale bwalo la ndege, ndiye akatswiri a zakale ali kalikiliki kufukula manda a anthu amakedzana makina asanafike. Anthu a filimuwo anakumba dzenje lalitali m'mphepete mwa munda wa tirigu wa a Maurice, n'kuyalamo mafupa apulasitiki, mikanda ndi mapale. Ine anandilemba ntchito yokankha wilibala. Anandimeta m'mbali, kundiveka buluku laubweya loyabwa, n'kundiuza kuti ndisayerekeze kuyang'ana kamera.

Pangano lawo ndi a Maurice linali loti tirigu wa kumbuyo kwa dzenje asakololedwe mpaka kujambula kuthe. Ankati pofika kumapeto kwa Julayi adzakhala atapita, tiriguyo asanaume, kotero mkuluyo anavomera mosavuta.

Zinasokonekera pa gawo limodzi, pamene msilikali akutsanzikana ndi mtsikana wofukula pamphepete pa dzenje. Mbali ya msilikali anaijambula tsiku la mitambo. Kutacha, mtsikanayo anadzuka ndi katsabola nkhope yonse. Mmene ankachira n'kubwerera, Ogasiti anali pakati, dzuwa likuswa mtengo, kumwamba kuli ngwee. Mayi wotsogolera filimuyo, Imogen Fairlie, anati sizingatheke kuti anthu awiri akulankhulana, wina ali pa mitambo wina pa dzuwa. Tinayamba kudikira mitambo.

Tinkafika m'mawa, kuvala zovala zathu za nkhondo, n'kukhala pa mawilibala kumasewera makadi. A Maurice ankabwera kumpanda, kufikisa ngala m'manja, kuluma njere. Inkalira kuti khe! Kenako ankabwerera kunyumba osalankhula.

Olankhula anali akazi awo, a Glenys. Tsiku lina ndikudya nawo chamasana anayamba.

"Abambo, aneba athu a Dring anamaliza kukolola dzulo. A Sharpe ndi awo mukumva makina awowo. Inu?"

"Ndinalonjeza."

"Munalonjeza Julayi, simunalonjeze Khirisimasi. Anthu amalirira dzuwa chaka chonse, lero labwera, inu muli pampanda kudikira mitambo ndi ana a ku London."

"Mtsikanayo sanachite kufuna kudwala."

"Nanga tiriguyo ndiye anachita kufuna kuuma? Mwamva wailesi. Loweruka mvula, ndipo akuti ikabwera ikhazikika. Akagwa pansi ameneyo n'kumera, wachigayo uti amene angamulandire?"

A Maurice anayang'ana m'mbale. Munda umenewo ndiwo unali waukulu pa famupo, ndipo chaka chimenecho ndi wokhawo umene unachita bwino.

"Ndikalankhula naye Imogen," anatero.

"Mukalankhula naye! Inu mukafika mukavula chipewa n'kumufunsa ngati wagona bwino. Tipitira limodzi."

Tinapita tonse, a Glenys atanyamula keke m'chitini. Tinapeza Imogen ataima pafupi ndi kamera, maso ali kumwamba. A Maurice anavuladi chipewa, n'kufotokoza pang'onopang'ono za mvula ya Loweruka.

"Ndamva, Bambo Tointon," anatero Imogen. "Mitambo imene mukuiopayo ndi yomwe ine ndikuidikira. Ndilibe pothawira. Anthu aona tirigu kumbuyo kwa dzenjeli kuyambira pachiyambi pa filimu. Sangazimiririke mtsikana ali pakati pa kulankhula."

"Zoona, zoona," anatero a Maurice, n'kuyamba kubwerera m'mbuyo.

A Glenys anawagwira malaya. Analoza kamera.

"Chimaso chanuchi chimaona munda wonse?"

Wojambula, mnyamata wandevu wa ku Ireland dzina lake Declan, anaseka. "Bwerani musuzumire nokha, mayi. Koma keke ndiyambe ndalawa."

"Samba m'manja kaye, ndevu ngati tsache."

A Glenys anasuzumira, kutseka diso limodzi, n'kukhala kanthawi.

"Aa! Kandime komweka? Abambo, bwerani muone. Munda wonse uja, iwowa akuona kandime kokha."

"Ngati kamera sitiisuntha," anatero Declan, akuyang'ana Imogen.

Imogen anapukusa mutu. Anati iye ankafuna kuti msilikali akachoka, kamera iyende pang'onopang'ono kuchoka pankhope ya mtsikana, ione munda wonse ukuweyuka ndi mphepo, anthu adziwe chimene chikukwiriridwa ndi bwalo la ndege. Anati chithunzi chimenecho anachiona m'mutu asanalembe ngakhale mawu amodzi a filimuyo.

"Mwanawe," anatero a Glenys, "anthu adzabwera kudzaona nkhope ya mtsikanayo. Tirigu amamuona m'buledi tsiku lililonse."

Imogen anatembenuka. Anapita yekha kumpanda, kuima pamene a Maurice ankakonda kuima. Anathyola ngala, kuifikisa monga ankawaonera, n'kuluma. Atabwerera anauza Declan kuti amange kamera pamalo amodzi, isasunthenso.

Ntchito yoika malire inagwera ife a mawilibala. Tinalowa m'tirigu ndi mitengo yaitali, Declan diso lili pa kamera, akukuwa.

"Kumanja, madala! Kumanjabe! Ndikukuonanibe chipewa. Eya, mwatuluka, zikani pomwepo!"

Pafupi ndi dzenje ndimeyo inali yopapatiza, koma inkanka ikula mpaka kumpanda wa kutsidya. A Maurice anaiyenda yonse ndi mapazi, n'kubwera akupukuta thukuta.

"M'kamera kamaoneka ngati mpango," anatero. "Ndi mapazi ndi munda wa munthu."

Komabe madzulo omwewo analiza makina awo okololera. Anadula zonse za kunja kwa mitengo, ine ndikuthamanga ndi thirakitala kututira m'nkhokwe, buluku la 1941 lili m'thupi chifukwa anandiletsa kulisiya patali. Pofika Lachisanu, tirigu woimirira anali wa ndime ya kamera yokha, mbali zonse kuli ziputu.

Loweruka kunacha ndi mitambo yotuwa, yotsika, yofanana ndendende ndi ya tsiku la msilikali. A Maurice anaimika makina kuseri kwa mitengo ya kumpanda, kuzimitsa injini kuti isamveke, n'kukhala pampando kudikira kuti Imogen akangoti watha alowe m'ndimemo.

Mtsikanayo anayenera kulankhula mawu ochepa, kenako misozi. Ulendo woyamba misozi sinabwere. Wachiwiri inabwera, koma kunadutsa ndege ya masiku ano, mkokomo wake n'kuononga zonse. Wotsatira ine ndinagwetsa fosholo pa mwala, Declan n'kunditukwana m'chinenero cha kwawo. Mphepo inayamba kuzizira. Ndikamakankha wilibala ndinkaona a Maurice patali, dzanja lili pa kiyi.

Kenako zinayenda. Mtsikanayo analankhula, kuyang'ana pansi m'dzenje, misozi n'kutsika yokha, kumbuyo kwake tirigu akugwedezeka ngati munda ulipo wonse. Imogen anayang'ana kumwamba, kuyang'ana kumpanda, ndipo ndinaona pakamwa pake kuti akufuna kubwerezanso kamodzi. Sanatero.

"Basi! Auzeni alowe!"

Makina analira. Anadula mzere woyamba, kutembenuka, kuyamba wachiwiri. Madontho akuluakulu anayamba kugwa pa mafupa apulasitiki, kenako mvula inangokhuthuka. A Maurice analimbikirabe pang'ono mpaka tirigu wonyowa anatsamwitsa makina. Anazimitsa, kutsika, n'kuima pomwepo manja ali m'matumba. Tikuona, ndime ija inayamba kugona chigawochigawo.

Imogen anathamangira komweko, tsitsi lili chuu, nsapato zitalemera ndi matope. Ine ndinatsatira ndi lona.

"Bambo Tointon, pepani. Tikanayamba msanga, mwina…"

"Walira bwino mtsikanayo?"

"Walira bwino kwambiri."

"Tirigu waoneka?"

"Waoneka. Pang'ono, kuseri kwa phewa."

A Maurice anagwedeza mutu. Anayang'ana ndime yogwayo, kenako kunkhokwe kumene a Glenys anali kutseka zitseko.

"Chabwino," anatero. "Mvula ikakata muchotse mafupa anuwo, mukwirire dzenjelo. Dothi lakuda likhale pamwamba, musasakanize. Ndikufuna kulimapo Seputembala asanathe."