Masamu a Dothi Lonyowa

Kunyumba onse ankangomutchula kuti Injiniya, ngakhale achemwali ake amene anamulera. Ntchito yake pa mgodi wa miyala inali yoyeza ngati khoma la phiri limene ankagumula lingapirire kapena lingagwere okumba m'munsi. Masamu ake ankachitira pa pulogalamu ya pakompyuta.

Pulogalamuyo inali yakuba. Tsiku limene anapempha kuti agule yeniyeni, bwana wake anatulutsa fulashi ya pulogalamu yakubayo m'dirowa n'kuiponya patebulo.

"Ikani iyi, mayi. Masamu ndi masamu, safunsa laisensi."

Anaika, ndipo kwa zaka ziwiri panalibe chodandaulitsa.

Woyendetsa katapila m'munsi mwa khomalo anali mlamu wake, mwamuna wa achemwali akewo. M'mawa uliwonse ankasuzumira pawindo la ofesi, chipewa chili m'manja.

"Alamu, phiri lanu lati bwanji lero? Ndilowe kapena ndiliyatse liwiro?"

Sabata ina mvula inagwa masiku anayi osakata. Lachisanu Injiniya analowetsa manambala a dothi lonyowa, kompyuta n'kuonetsa kuti khoma ndi lolimba. Anasaina chikalata chololeza ntchito.

"Lowani, alamu. Lati lilibe nanu chifukwa."

Khomalo linagumuka nthawi ya nkhomaliro isanakwane. Mtembo wa mlamuyo anaufukula mawa lake, uli m'katapila momwemo.

Ofufuza za ngoziyo anabwera awiri. Wamkulu anakhala pampando wa Injiniya, natsegula kompyuta, kenaka anafotokoza mofatsa kuti pulogalamuyo inkalakwitsa powerengera madzi a m'dothi. Eni ake anazindikira chaka chatha, anakonza, ndipo analembera aliyense amene anagula.

"Kalatayo simunalandire, mayi?"

Injiniya anayang'ana bwana. Bwana anali kalikiliki kupukuta magalasi.

"Ine za makompyuta sindizidziwa," anatero. "Anasaina ndi awa."

Injiniya analandidwa chiphaso cha ntchito, nkhani n'kupita kukhoti.

Patatha mwezi analimba mtima kukaonekera kwa achemwali ake. Anawapeza kuchipinda akupinda malaya a malemu n'kumaika m'katoni. Anayamba kufotokoza za fulashi, za kalata, koma anamudula pakamwa.

"Iweyo unkadziwa kuti ndi yakuba?"

"Ndinkadziwa, achemwali."

"Nanga mlamu wako ankadziwa?"

"Ayi."

Achemwali anapitiriza kupinda mpaka malaya onse anatha. Anamanga katoniyo ndi chingwe, osamuyang'ana.

"Gwira uko. Tiikweze pamwamba pa kabati, ana asamaione."