Kufunsira Mbewa

Mtisunge anaponya chikwama pampando osavula n'komwe jekete. Mubita, mnzake wa ku Zambia amene ankakhala naye nyumba imodzi mumzinda wa Hull ku Mangalande, anali akumwetulirabe.

"Tabwereza. Asankha iweyo?"

"Ine, ba Mtisunge. Mwana wa gogo wamene nisamalira ku care home asebenza na ba filimu. Ananimvela nikamba Chinyanja pa foni, basi."

Mumzindamo munali mutabwera anthu ojambula sewero la pa TV, ndipo gawo lalikulu linali la Terence Maddock wa ku America. Bamboyu anamerera imvi m'mafilimu koma osatchuka: lero ndi wapolisi wowomberedwa filimu isanafike pakati, mawa ndi dokotala wonena mawu awiri n'kutuluka. Tsopano anali kusewera ngati mkulu wofuna kukwatira namwino wa ku Malawi, ndipo anakakamira kuti akafika kwa amalume a mkaziyo alankhule Chichewa chenicheni. Ankafuna womuphunzitsa.

Nsanje inamugwira Mtisunge. Iye amene ankagwetsa anthu ndi phwete m'zisudzo ku Zomba, amene ankalemba masewero a Khirisimasi kutchalitchi, amene ankalota dzina lake likuyenda pa kanema, ankangosenza makatoni kuweyahausi. Mwayi n'kukagwera Mubita, munthu wa mtundu wa Alozi, wa Chinyanja cha m'minibasi za ku Lusaka!

"Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere," anatero Mtisunge. "Ndani amamudziwa Terence wakoyo?"

Komatu iye yemweyo ankafufuza mafilimu akale a Terence pa foni, n'kumaonera mtima ukuwawa. Mubita naye sankathandiza: tsiku lililonse ba Terence atere, ba Terence anigulira tiyi.

Loweruka lina Mubita anabwera nkhope itagwa.

"Nithandizeni, mudala. Ba Terence bafuna mawu yamene mwamuna akamba kwa amalume ba mkazi. Bakuti iyi ndiye chance yao ya last. Ine Chichewa chakuya sinichiziba."

Mawu oyenera Mtisunge ankawadziwa bwino: ndabwera kudzafunsira mbeta. Anayang'ana mnzakeyo, lilime n'kupotoka.

"Anene kuti: Ndabwera kudzafunsira mbewa."

"Mbewa? Si mbeba zija zamene bagulisa mu road?"

"Iwe, Chichewa cha makolo chimenecho. Ukufuna undiphunzitse ine?"

Mubita anapepesa, nabwereza mawuwo mpaka atawaloweza. Kojambula kuja kunalibe wowongola, poti amene ankasewera ngati amalume anali wa ku Ghana.

Sewerolo litatuluka, mayi Aida, mkulu wa amayi kutchalitchi, anaitana anthu kunyumba kwawo Lamulungu masana kuti adzaonere limodzi. Mtisunge anasankha mpando woyang'anana ndi Mubita, kuti aone bwino nkhope yake ikamagwa.

Terence anaonekera pa kanema atavala suti. Anagwada bwinobwino, naomba m'manja mwaulemu, misozi ili m'maso. Ngakhale Mtisunge anavomera mumtima kuti mkuluyu ntchito amaidziwa.

"Amalume, ndabwera kudzafunsira mbewa."

M'nyumba munaphulika phwete. Wina anatsamwa ndi Fanta. Achinyamata anabweza chithunzicho n'kuchijambula pa mafoni, ulendo wa pa WhatsApp.

"Zowamba kapena zophika?" anakuwa mayi Aida akupukuta misozi. "Wamulakwira ndani bambo wa eni akeyu?"

Nkhope ya Mubita inagwadi. Mtisunge anapukusa mutu ngati womva chisoni, koma mumtima ankavina.

Kenako mayina a anthu amene anagwira ntchitoyo anayamba kukwera pa kanema. Mayi Aida, amene sadutsidwa kanthu, anaimitsa chithunzi n'kuwerenga mokweza.

"Mphunzitsi wa Chichewa, Mtisunge Chimwaza. A Chimwaza! Inu amene mumatikonza Chichewa pa mapemphero?"

Maso onse anatembenukira kwa iye.

"Ninabauza ba Terence kuti teacher weniweni ndimwe," anatero Mubita motsitsa mawu. "Ninakamba ati bachose zina langa, baike lanu. Nenze kufuna ikhale surprise."

Mtisunge anaona kuti wagwa m'mbuna ngati fisi. Akanena kuti analakwitsa, ndiye kuti Chichewa sachidziwa. Akanena zoona, Mubita anali pompo akumuyang'ana. M'thumba foni inayamba kunjenjemera, nambala ya ku Zomba.

Dzina lake linali chiimire pa kanema, malembo oyera, losalakwika ngakhale chilembo chimodzi.