Chikwapu cha a Tanikoti

Anthu a ku Balaka ankawadziwa ngati mzungu wokalamba wachibwibwi amene ankakhala m'nyumba ya malata kuseri kwa siteshoni ya sitima. Dzina lawo linali Wilfred Tunnicott, koma lilime la kuno linaliwongola n'kukhala a Tanikoti. M'mawa uliwonse ankatsikira kumsika ndi ndodo, ndipo moni ankapereka pongovula chipewa, poti mawu ankawavuta kutuluka.

Anabadwira ku Mangalande mu 1889, m'tauni ina ya m'mphepete mwa nyanja. Ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi anathawa kwa munthu amene ankawaphunzitsa kusoka nsapato, n'kutsatira gulu la zisudzo loyendayenda. Mu 1912 anayamba kujambulidwa m'mafilimu. Masiku amenewo filimu inalibe mawu. Munthu ankayankhula ndi maso, manja ndi kayendedwe. A Tanikoti sanakhalepo mwini nkhani. Anali ndi mphuno yokhota, nsidze zochindikala ndi masaya olowa m'kati, choncho ankapatsidwa mbali ya wantchito wa m'nyumba, ya wapolisi, ya woyendetsa ngolo ya akavalo, koma kawirikawiri ya munthu woipa mtima amene amafa filimu isanathe. Dzina lawo likalembedwa n'komwe, linkakhala m'munsi mwenimweni.

Mu 1916 anapita kunkhondo ku Falansa. Bomba linaphulika pafupi ndi ngalande imene anabisalamo, ndipo anabwerako ziwalo zili zonse koma lilime litamangika. Chibwibwicho sichinawasokoneze pantchito mpaka pamene mafilimu anayamba kuyankhula. Tsiku lina mu 1930 anawapatsa chiganizo chimodzi chokha, choti auze bwana kuti galimoto yafika. Anayesa kakhumi ndi kawiri. Woyang'anira filimuyo anawagwira paphewa n'kuwauza kuti akapume. Sanaitanidwenso. Zaka zotsatirazo anazithera pakhomo la nyumba yoonetsera kanema, akung'amba matikiti a anthu olowa.

Akazi awo atamwalira, anabwera kuno mu 1962 kutsatira mwana wawo mmodzi yekhayo, Eliza, amene anakwatiwa ndi mzungu wogwira ntchito ya njanji. Patatha zaka zinayi Eliza anamwalira ndi malungo ndipo anaikidwa ku Balaka komweko. Mkamwini anabwerera kwawo, koma a Tanikoti anakana kusiya manda. Anatsala ndi wophika wa pabanjapo, a Usumani a ku Ntaja, bambo wa imvi amene anaphunzira Chingerezi ali msilikali ku Burma.

A Usumani okha ndiwo ankadziwa za mafilimuwo, chifukwa anaona zithunzi m'sutikesi. Nkhaniyo anauzako a Lyford, mnzawo wa pabawo, amene ankayenda ndi galimoto ya kanema m'midzi kuonetsa alimi kapoperedwe ka thonje.

M'mwezi wa Ogasiti 1971 a Lyford anafika pakhonde atanyamula chitini chophwatalala chadzimbiri. Anati anachitola pamulu wa zinthu zotayidwa pa kalabu ina ya azungu imene inkatsekedwa. Anatulutsa filimu imene inali m'chitinimo, n'kuiunika padzuwa.

"Taonani mphunoyi, Che Usumani. Si ya bwana wanu imeneyi?"

A Tanikoti anavala magalasi. Anayang'ana nthawi yaitali.

"N-n-ndine," anatero. "Chaka cha 1921. Ndinkaganiza kuti zonse z-zinapsa."

"Ndikuonetseni Loweruka," anatero a Lyford. "Ndikamaliza ya thonje, ndidzangoikapo."

"Kodi imeneyi yadutsa kwa oyeza mafilimu?" anafunsa a Usumani.

"Iyayi. Koma filimu yopanda mawu ingalakwire ndani?"

Loweruka masana anthu anadzaza m'shedi yosungiramo thonje. Mawindo anali atatsekedwa ndi masaka, ndipo munkatentha. A Tanikoti anakhala pampando kumbuyo, atavala jekete ngakhale thukuta linali kamukamu. Ya thonje itatha, pakhoma panaoneka kanyumba kokutidwa ndi chipale, ndi mayi wamasiye ali ndi ana atatu. Kenaka chitseko chinatseguka. Analowa mwamuna wamtali, chikwapu m'manja. Anakankha mphika ndi phazi, anaponya zofunda panja, n'kuloza msewu. Mayi uja atagwada n'kugwira mwendo wake, mwamunayo anakweza chikwapu, nkhope yake n'kudzaza khoma lonse.

"Si a Tanikoti awo?" anafunsa mayi wina kutsogolo.

Mitu inatembenuka. Palibe anaseka. Ambiri mwa akuluakulu amene anali m'shedimo anakulira m'minda ya azungu nthawi ya thangata, ndipo zoterezi sanachite kumva kwa wina. Filimu inathera pomwepo, chifukwa chitini chinali chimodzi. Chachiwiri, mmene munthu woipayo amalandira chilango chake, chinasowa kalekale.

A Tanikoti sanaone mitu ija. Maso awo anali pakhoma, ndipo potuluka anauza a Usumani kuti m'filimumo dzanja lamanzere analikweza mochedwa.

Lolemba kumsika amayi ogulitsa tomato anawafulatira a Tanikoti. Anavula chipewa, palibe anayankha. Bambo wina wokalamba, a Yotamu, mlimi wa thonje wochokera cha ku Utale, analavula malovu pansi iwo akudutsa. Lachitatu kunabwera uthenga woti akaonekere kwa wapampando wa chipani m'deralo, chifukwa a Yotamu anakadandaula kuti pakati pawo pakukhala munthu amene ankakwapula amayi amasiye.

A Usumani anadziwa kulemera kwa uthengawo. Masiku amenewo mlendo wa kunja ankatha kuuzidwa lero kuti mawa asapezeke m'dziko muno.

"Bwana, nkhani yakula," anatero akusita malaya. "Akalemba kalata kupita kumtunda kwa akuluakulu a boma, basi mwapita."

"Ndi-ndi-ndipite kuti? Kulibe wanga k-kumeneko."

Kenaka a Tanikoti anafunsa motsitsa mawu ngati akuchita manyazi.

"Anakhulupiriradi, Che Usumani?"

"Onse."

Mkuluyo anagwedeza mutu. A Usumani sanathe kudziwa ngati chinali chisoni kapena china.

Wapampandoyo anali telala, munthu wofatsa amene nkhaniyi inamupeza ali ndi mayunifolomu a sukulu oti amalize. Anthu anasonkhana pabwalo la kutsogolo kwa shopu yake. A Usumani anaimirira n'kufotokoza kuti zimene anaona zinali sewero, kuti mayi uja anali pantchito ngati mmene analili bwana wawo, ndipo kuti chipale chija chinali mchere wothira pansi.

A Yotamu anadikira kuti amalize.

"Che Usumani, inu ndinu munthu wa Mulungu, sindikunena kuti mukunama. Koma maso aja si a sewero. Ine ndinawaonapo. Ndinali ndi zaka zisanu ndi ziwiri pamene anatigwetsera nyumba chifukwa bambo anadwala osapita ku thangata. Munthu sangayang'ane choncho ngati sanachitepo."

Wapampando anatembenukira kwa a Tanikoti kuti adziyankhire. Mkuluyo anaimirira, anatsegula pakamwa, koma mawu anakakamira pa chilembo choyamba. Anayesanso, mitsempha ya m'khosi n'kutuluka. Anthu anayamba kuyang'ana pansi.

Ndipo anasiya kuyesa. Anapereka chipewa kwa a Usumani, napita pakati pa bwalo. Anaweramitsa mutu pang'ono, ndipo pamene anaudzutsa msana unali utawongoka, nsidze zitatsika, ndodo ija ili m'manja ngati chikwapu. Anakankha ndi phazi mphika umene panalibe. Amayi amene anakhala kutsogolo anasendera m'mbuyo.

Kenaka anaponya ndodo pansi. Anatenga nsalu imene inali pa makina a telala n'kufunda kumutu. Mapewa anagwa. Anagwada n'kuyamba kutola zinthu m'fumbi, chimodzichimodzi, akuzipukuta ndi m'mphepete mwa nsalu. Ananyamula mwana wosaoneka, wina n'kumugwira padzanja. Anayenda mapazi asanu, anaima, n'kucheuka kuyang'ana nyumba. Sanalire. Anangosuntha milomo ngati akuwerenga ana ake, n'kupitiriza ulendo mpaka kumapeto kwa bwalo.

Sitima ya katundu inadutsa kusiteshoni, ndipo anthu anadikira mpaka phokoso lake litatha.

"Amayi anga anacheuka choncho," anatero a Yotamu. "Afunseni. Mayi ameneyu anamuona kuti?"

A Tanikoti anali atakhala pansi, akupuma movutika. Anayankhula pang'onopang'ono m'Chingerezi, a Usumani akudikira liwu lililonse mpaka lituluke, kenaka n'kumasulira.

"Akuti ndi mayi awo. Bambo awo atamwalira, mwini nyumba anawatulutsa m'nyengo yozizira. Iwo anali ndi zaka zisanu ndi zinayi, ndipo ndi amene anagwiridwa padzanja. Akuti mwamuna wa chikwapu uja anamutengera kwa mwini nyumbayo. Anamuyang'anitsitsa tsiku limenelo, ndipo akhala akumusewera moyo wawo wonse."

A Yotamu anatola ndodo ija, anaipukuta fumbi, n'kuiika pafupi ndi mwini wake. Atatero ananyamuka kupita panjinga yawo.

Wapampando anagamula kuti mkuluyo alibe mlandu ndipo kalata yokhudza iwo silembedwa. Koma za filimu yoonetsedwa popanda chilolezo zinali zitamveka kale kumtunda, ndipo zimenezo sakanatha kuzikwirira. Chitini chija anachitentha pabwalo pomwepo. Filimu yakaleyo inayaka mwaukali ngati yothiridwa palafini, moti anthu anathawira m'makonde. A Tanikoti anaonerera mpaka moto utazima.

Mwezi usanathe a Lyford anachotsedwa ntchito. Izi zinawapweteka a Tanikoti kuposa china chilichonse. Analemba makalata asanu ofotokoza kuti cholakwa chinali chawo, koma yankho silinabwere. A Lyford anasamukira ku Liwonde, kumene anayamba kukonza mawailesi pakhonde la sitolo pafupi ndi mlatho. A Lyford atabwera kudzatsanzika, mkuluyo anayesa kupepesa, mawu n'kukanika.

"Musavutike, bwana," anatero a Lyford. "Ndinaika filimu ija ndine. Chimene chikundiwawa n'chakuti tsiku la kwa telala ndinali ku Ulongwe. Aliyense akundiuza kuti ndinaphonya."

Kumsika moni anabwerera, ngakhale amayi ena sanazolowerenso kuwayang'ana kumaso. A Yotamu sanakhale mnzawo. Ankangoti akakumana, amatsika panjinga.

Mphamvu za a Tanikoti zinayamba kutha chaka chotsatira. Analeka kupita kumsika, kenaka analeka kufika ngakhale kumanda. A Usumani ndiwo ankapita kukalambula m'malo mwawo Lachisanu lililonse akachoka kumzikiti, n'kubwera kudzawauza mmene maluwa alili. A Tanikoti anamwalira mu Febuluwale 1973, m'mawa, mvula ikugwa.

Ku Mangalande kunalibe woti n'kumudziwitsa. A Usumani anasambitsa thupi okha, monga akanachitira mbale wawo, n'kuliveka jekete. Dothi linali lonyowa ndipo manda anavuta kukumba chifukwa madzi ankangodzaza. Pakati pa okumbawo panali ana awiri a a Yotamu, otumidwa ndi bambo awo. A Lyford anafika pa basi mwambo uli pakati. Mbusa anafunsa ngati pali wina woti anene mbiri ya malemu, ndipo a Usumani anaimirira chapatali pang'ono ndi dzenje, chisoti chawo choyera chitanyowa.

"Anali munthu wa zisudzo," anatero. "Ntchito yawo ankaidziwa. Ndakhala nawo zaka khumi ndi chimodzi, sanandikwezerepo mawu."

Nyumba ija inabwerera kwa eni ake. A Usumani anadikira kuti mvula ithe ndi msewu uume, kenaka anakwera lole yopita ku Ntaja, kumene akazi awo anali atayamba kale kumweta mpunga.